Bele Laling'ono Likakula Kuposa Lalikulu

Kwa Achewa a ku Katete, Sinda ndi Vubwi, ukulu pakati pa ana a mimba imodzi sunkayezedwa ndi msinkhu kapena nyonga. Mng'ono ankatha kutalika mpaka kusenza mtolo umene mkulu wake sakanaudzutsa, koma pa maliro ndi pa milandu ya pabanja woyamba kufunsidwa anali wobadwa poyamba. Ukuluwo sunkathera pa awiriwo ayi. Pakati pa ana aakazi, ana ndi adzukulu a mkulu ankakhala bele lalikulu, a mng'ono bele laling'ono, ndipo mwana ankakula akudziwa amayi ake aakulu ndi amayi ake aang'ono. Popeza mudzi unkamangidwa pa akazi, amuna n'kumabwera chikamwini, mabele amenewa ndiwo ankaloza kochokera mwini mbumba ndi mfumu ya mudzi.

Ena amati mwambowu unkapondereza wamng'ono, ndipo sakunama kwenikweni. Max Marwick, amene anafufuza m'midzi ya Achewa a boma la Fort Jameson, Chipata ya lero, analemba m'buku lake la mu 1965 kuti kunenezana ufiti kunkachuluka pakati pa abale a kuchikazi. Bele laling'ono likabereka kwambiri, anthu ake ankatopa kulamulidwa ndi ochepa, ndipo imfa ikagwa ankayamba kulozana zala. Komabe ndikuona kuti otsutsawo amaiwala khomo limene makolo anasiya losatseka. Wamng'ono akakula mphamvu sankalanda ukulu wa mkulu wake. Ankatenga mbumba yake, n'kupempha malo kwa mfumu, n'kukamanga mudzi wina. Kumeneko bele lija linkasanduka lalikulu, koma pa maliro ndi pa chinamwali midzi iwiriyo inkayenderanabe. Kupatukanako kunali kowawa, nthawi zina kodzaza ndi chidani, koma kunkapatsa wamphamvu pokulira popanda kuvula mkulu ulemu wake.

Ngakhale ufumu wa Undi umene uli ku Katete unayamba motero. Mbiri yapakamwa imati Undi anachoka kwa Kalonga atasiyana maganizo pa za mpando, ndipo anatenga Nyangu, mayi wa mafumu, ndi akazi ena a banja lachifumu kupita ku Mano, m'dziko la Mozambique. Anadziwa kuti mafumu amtsogolo adzabadwa mwa akazi amenewo. Lero mafumu a Achewa a ku Zambia, Malawi ndi Mozambique amasonkhana ku Mkaika, ku Katete, mwezi wa Ogasiti chaka chilichonse kudzalamba kwa Kalonga Gawa Undi.