Creasy wa ku Mexico ndi apayoniya athu

Sabata yatha magetsi atazima ndinaoneranso Man on Fire pafoni. Filimuyi inatuluka mu 2004, ndipo ine ndinaionera koyamba ndili mwana m'kanyumba ka vidiyo pa Ntcheu boma, womasulira m'Chichewa akuthiramo nthabwala zake mpaka pamene munthu akufa. Denzel Washington akusewera ngati John Creasy, munthu amene anapha anthu ambiri pa ntchito zachinsinsi za boma la America, tsopano ndi chidakwa ndipo zamfuti zamukwana. Wapeza ganyu yoteteza kamtsikana kotchedwa Pita ku Mexico City. Moyo utangoyamba kumukomeranso, mwanayo akubedwa, Creasy n'kutolanso mfuti. Pamapeto akudzipereka kwa zigawengazo kuti mwana amasulidwe, ndipo akufera m'galimoto yawo.

Ulendo uno ndikuonera, maganizo anga anali pa bambo wina wa kumudzi kwathu, amene timawatchula kuti amalume ngakhale si abale athu. Mizere yawo ya mbatatesi imawongoka ngati ayeza ndi chingwe. Samwa, sakalipa, kumaliro amafika m'mawa kwambiri ndi khasu. Ndili wamng'ono ndinkadabwa kuti amayi achikulire ena akakumana nawo panjira ankangoyankha moni n'kufulumiza miyendo. Nditafunsa, agogo anangoti, "Amene aja anali apayoniya," basi nkhani inathera pomwepo.

Ambiri a ife tinabadwa gululi litatha kale, choncho ndifotokoze. Malawi Young Pioneers inakhazikitsidwa mu 1963, dziko lisanalandire ufulu, mothandizidwa ndi alangizi a ku Israel. Cholinga chimene chinkanenedwa chinali chabwino ndithu: kutenga achinyamata a kumudzi, kuwaphunzitsa ulimi wamakono, ukalipentala, umakaniki ndi mwambo m'makampu ngati wa Nasawa ku Zomba, kenako n'kuwabweza kwawo kuti akaphunzitse anzawo. Ndipo zinkachitikadi. Mizere ya amalume ija anaiphunzira kumeneko. Kwa mnyamata amene walekeza sukulu ku pulayimale, yunifolomu, nsapato ndi chakudya cha tsiku ndi tsiku sizinali zinthu zoti n'kuzikana.

Koma mu 1964 nduna zitasemphana ndi Kamuzu, gululi linasanduka chishango chake. Mkulu wa onse anali Kamuzu mwiniwake, ndipo lamulo la 1965 linachititsa kuti wapolisi asamange payoniya popanda kupempha kaye kwa akuluakulu a gululo. Taganizani, aise: mnyamata wa zaka 20, mfuti ali nayo, polisi singamukhudze, ndipo tsiku lililonse akumuuza kuti amene sanagule khadi la chipani ndi mdani wa Ngwazi. Pamodzi ndi ayufi a malaya ofiira aja, apayoniya ndiwo anali maso, makutu ndi chibakera cha MCP.

A Mboni za Yehova ndiwo anaona zakuda kwambiri. Mpingo wawo unaletsedwa mu 1967 chifukwa chokana khadi, ndipo mu 1972 anamenyedwa, kuwotcheredwa nyumba ndi kuthamangitsidwa. Ena anathawira ku Sinda Misale ku Zambia, ena ambiri anakakhala m'misasa ya ku Mozambique pafupi ndi Mlangeni, apa pompa. Mu 1992 maepisikopi a Katolika atatulutsa kalata yawo ija, nyumba yosindikizira ya a Montfort ku Balaka inatenthedwa, ndipo chala chinaloza apayoniya.

Ife a ku Ntcheu nkhani yokhala pafupi ndi moto wa Kamuzu timaidziwa bwino. Albert Muwalo Nqumayo, mlembi wamkulu wa MCP, ndi Focus Gwede, mkulu wa Special Branch, onse anali akwathu, ndipo m'masiku awo dzina lawo lokha linkatseketsa anthu pakamwa. Anamangidwa mu 1976 pa mlandu woukira boma. Muwalo ananyongedwa mu 1977, Gwede anakhala m'ndende mpaka 1993. Ngati akuluakulu otere anadyedwa chonchi, kamnyamata ka pa kampu kakanatuluka bwanji? Sindikunena izi pofuna kuyeretsa munthu. Amene anamenya mayi woyembekezera chifukwa cha khadi anamenya ndi manja ake. Ndikungoti khomo lolowera linali lalikulu, lotulukira linali laling'ono.

Kutha kwake kunabwera mwadzidzidzi. Pa 14 June 1993 Amalawi anavotera ndale za zipani zambiri, ndipo panali kugwirizana kuti apayoniya alandidwe zida, koma zinkangozengereza. Mu October Kamuzu anakachitidwa opaleshoni ya m'mutu ku Johannesburg, dziko n'kutsala m'manja mwa Gwanda Chakuamba, John Tembo ndi Robson Chirwa. Kumayambiriro kwa December, mkangano wa pamalo omwera mowa ku Mzuzu unatha ndi apayoniya kuombera asilikali awiri. Pa 3 December asilikali a boma, amene kwa zaka zambiri ankaona apayoniya akukondedwa kuposa iwo, anatuluka m'mabalaki. Anaitcha Operation Bwezani. Anaphwanya likulu la apayoniya ku Lilongwe, n'kumalanda makampu m'dziko lonse. Anthu oposa 20 anafa. M'misewu anthu ankaimba m'manja ndi kululuta.

Apayoniya pafupifupi 2,000 anathawira ku Mozambique. Apa ndi pamene nkhaniyi imandikhudza, chifukwa kwathu kuno malire si mtsinje kapena mpanda. Pa Lizulu msewu wa M1 ndiwo malire: ukagula tomato mbali ino uli ku Malawi, ukawoloka kukagula kabichi uli ku Mozambique. Malire omwewa anawoloka Inkosi Gomani II mu 1953 atsamunda akuwasaka chifukwa chokana chitaganya. Omwewa anawoloka a Mboni mu 1972. Omwewa anawoloka anthu a ku Angonia m'zaka za m'ma 1980 pothawa nkhondo ya Renamo ndi Frelimo, n'kudzaza midzi yathu. Ndiye mu 1993 othamangitsa aja ndi amene anavula yunifolomu n'kulowera mbali imene ankathamangitsirako anzawo.

Pang'onopang'ono anabwerera, ambiri mwakachetechete. Dziko lino silinakhale ndi bwalo lofotokozerana zoona ngati lija la ku South Africa. Malamulo atsopano anakhazikitsa National Compensation Tribunal yoti ipepese ozunzidwa ndi ndalama, koma womenya ndi womenyedwa sanakhalitsidwe pansi pamodzi. Anangopezeka akutunga pa mjigo umodzi. Zaka zapitazi munaona nokha m'nyuzipepala nkhalamba zimene zinali apayoniya zikugona pa Memorial Tower ku Area 18 ku Lilongwe, kupempha ndalama zawo za ntchito. Pa Facebook ena ankati apatsidwe, anagwira ntchito ya boma. Ena ankati ayambe apepesa. Ine ndinkawerenga mbali zonse n'kumavomera zonse, zimene sizichitikachitika.

Filimu ija imamuchitira chifundo Creasy. Imamupatsa mwana mmodzi woti amufere, ndipo ife oonera timamukhululukira onse amene anawapha kale chifukwa sitinawaone nkhope. Amalume alibe mwayi umenewo. Amene akudziwa zimene anachita, kapena zimene sanachite, akukhala nawo mudzi umodzi.

Pa Khrisimasi ndinalimba mtima. Ndinawapeza akupalira ndipo ndinati, "Amalume, mu 1993 muja munali kuti?" Anaimika khasu, n'kuloza ndi mlomo kumapiri a kumadzulo, mbali ya Mozambique.

"Munakhalako nthawi yaitali?"

"Mvula ziwiri."

Ndinafuna kufunsa za zaka za m'mbuyo mwake, za makadi, za a Mboni. Iwo anali atawerama kale, ndipo anandiuza kuti ndisaponde mzere.