Amene anagwira kamera ya Yizo Yizo ku Daveyton

Mukatchula Yizo Yizo kwa Mmalawi amene anali ku Joni mu 1999, mayina otuluka msanga ndi a Papa Action ndi Chester, zigawenga za pa sukulu yongopeka ya Supatsela. Dzina la Dewald Aukema, amene anagwira kamera, salidziwa. Chonsecho mantha amene anthu ankamva poonera seweroli pa SABC1 ankachokeranso m'manja mwake.

Aukema sanafike ku Daveyton ali mlendo pa ntchitoyi. Anali m'gulu lojambula filimu ya moyo wa Nelson Mandela ya 1996, yomwe anatsogolera Jo Menell ndi Angus Gibson, ndipo inapikisana nawo pa mphotho ya Oscar. Gibson yemweyo, pamodzi ndi Teboho Mahlatsi, ndiye anatsogolera Yizo Yizo.

Apa ndipo panagona nkhani. M'malo mokhoma makoma a matabwa mu situdiyo, iwo anatengera kamera ku Daveyton, lokeshoni ya kufupi ndi Benoni yomwe inakhazikitsidwa mu 1955. Fumbi linali lenileni, makalasi enieni, kuwala kwa dzuwa kwenikweni. Kujambula motere n'kovuta: mtambo ukaphimba dzuwa, chithunzi chasintha, ndipo wojambula ayenera kudikira kapena kuyambiranso pamene ndalama zikutha. Koma phindu lake linaoneka. Makolo ena anakwiya, nati seweroli likuphunzitsa ana kugwiririra ndi mankhwala ozunguza bongo. Ana awo ankati ndi mmene zinthu zilili kusukulu. Gawo lachiwiri la mu 2001 linafika mpaka pokambidwa m'nyumba ya malamulo.

Mu 1999, filimu yaifupi ya Mahlatsi, Portrait of a Young Man Drowning, yojambulidwa ndi Aukema, inapata mphotho ya Silver Lion ku Venice. Mu 2008 anagwira kamera, mothandizana ndi Jonathan Partridge, pa Skin, nkhani ya Sandra Laing, mwana wa azungu yemwe boma la tsankho linamulemba kuti si mzungu chifukwa cha khungu lake. Mayiyu anakhalapo ku Tsakane, ku East Rand, dera lomwenso kuli Daveyton.

Kwathu kuno timatchula Shemu Joyah tikamakamba za Seasons of a Life, n'kuiwala Peter Mazunda amene anaijambula. Inu okonza mphotho za mafilimu ku Malawi, wojambula muzimuitana kutsogolo, dzina lake limveke.