Nambala m'Malo mwa Dzina: Amalawi m'Migodi ya ku Joni

Mtchona ndi munthu amene anapita kutali kukagwira ntchito osabwereranso kwawo. Kawirikawiri timamunena kuti anaiwala abale. Koma mbiri ya migodi ya golide ya ku Witwatersrand imasonyeza kuti kutchona sikunkachokera m'kuuma mtima kwa munthu payekha: dongosolo la ntchitoyo ndilo linkamulekanitsa ndi kwawo.

Msonkho wa nyumba, umene atsamunda anayambitsa m'zaka za m'ma 1890, unatulutsa amuna ambiri m'midzi ya Nyasaland kukafuna ndalama. Komiti ya Lacey, imene boma linakhazikitsa mu 1935, inapeza kuti pafupifupi mwamuna mmodzi mwa anayi alionse anali kunja kwa dziko. Amene ankalembedwa ndi Wenela, bungwe lopezera migodiyo antchito, ankapimidwa thupi, kudinda chala papepala la mgwirizano ndi kupatsidwa nambala. Kuyambira pamenepo malipiro, chakudya, ngakhale imfa yake zinkalembedwa pa nambalayo.

Kukomponi kunkakhala amuna okhaokha. Ankagona ambirimbiri m'chipinda chimodzi, pamabedi a simenti osanjikizana, atagawidwa potsata mitundu kuti asamvane. Mkazi kapena mwana sankaloledwa kukhalako. Pansi pa mgodi chilankhulo chinali Fanakalo, chokwanira kulamulira ndi kuvomera, koma chosakwanira kupepesera maliro kapena kufotokozera kupukwa. Golide amene ankamufera sankamugwira n'komwe: iye ankangoswa ndi kukoka miyala, ndipo kuyenga kunkachitikira kumtunda. Motero munthu anali pakati pa anzake zikwizikwi koma ali yekha.

Pa 4 Epulo 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown, m'dziko la Botswana, ndipo Amalawi 74 amene ankabwerera kwawo anafa. Dr Kamuzu Banda analetsa kulemba antchito, ndipo amuna oposa 100,000 anabwerera m'zaka ziwiri zotsatira. Kulembaku kunayambiranso mu 1977, bungwelo litayamba kutchedwa TEBA, mpaka kunatha mu 1988 chifukwa cha mkangano wa kuyeza HIV.

Kubwerera sikunathetse ulendowo. Ambiri anafika ndi njinga, wailesi ndi chifuwa cha fumbi la mgodi, n'kupeza munda ukulimidwa ndi wina, milandu ya pabanja itaweruzidwa iwo kulibe, ndi ana akubisala kumbuyo kwa amayi awo poona mlendo. Amene anatchona mwina anadziwiratu kuti ulendo wotere suthera pakhomo: ku Joni anali nambala, ndipo kumudzi akanakhala alendo.