Gietrzwałd: Mudzi Umene Udasunga Chinenero Chake

Kumpoto kwa dziko la Poland, m'chigawo cha nyanja ndi nkhalango chotchedwa Warmia, kuli mudzi waung'ono wa Gietrzwałd. Uli pa mseu wochokera ku Olsztyn kupita ku Ostróda, mtunda wa makilomita ngati 20 kuzambwe kwa Olsztyn. Mudziwu udakhazikitsidwa mu 1352 pa malo a Eklezia, ndipo Ajeremani ankautcha Dietrichswalde. Mu 1466 Warmia idalowa mu ulamuliro wa mfumu ya Poland, koma mu 1772 ufumu wa Prussia udailanda. Pofika 1795, Prussia, Russia ndi Austria anali atagawana Poland yense, kotero kuti dzikolo lidatsala m'kamwa ndi m'mitima ya anthu ake basi.

Masiku owawa kwambiri adadza pa nthawi ya Otto von Bismarck. Boma lake lidayamba kulimbana ndi Eklezia Katolika: ansembe ena adamangidwa, maparishi ambiri nkutsala opanda abusa. Kuyambira 1873 ana a chigawochi ankaphunzitsidwa m'Chijeremani, ndipo Chipolishi chinkaonedwa ngati chinenero cha alimi osaphunzira.

Pa 27 Juni 1877, Justyna Szafryńska, mtsikana wa zaka 13, pochokera ku mayeso okonzekera kulandira Ukaristia koyamba, adaona Maria Virigo Woyera pa mtengo wa pafupi ndi tchalitchi. Patapita masiku ochepa mnzake Barbara Samulowska, wa zaka 12, adamuonanso. Zimenezi zidapitirira mpaka pa 16 Seputembala. Uthenga wake sunali wachilendo: anthu azipemphera Kolona tsiku ndi tsiku. Chimene chidagwedeza anthu nchakuti Amayi Maria adalankhula Chipolishi, chinenero chomwe chija chidapirikitsidwa m'sukulu. Anthu zikwizikwi adakhamukira kumeneko kuchokera ku zigawo zonse zitatu za dziko logawanikalo, ndipo bambo mfumu wa parishiyo, Augustyn Weichsel, adasautsidwa ndi boma chifukwa cha zimenezi. Chaka chotsatira Andrzej Samulowski adatsekula m'mudzimo sitolo ya mabuku a Chipolishi.

Eklezia sadathamange. Episkopi Philipp Krementz adatuma ansembe kukafufuza nkhaniyi, koma chigamulo chidadikira zaka 100. Mu 1945 mudziwu udabwerera ku Poland, ndipo pa 11 Seputembala 1977 Episkopi Józef Drzazga adavomereza kuti kuonekako nkoyenera kukhulupiriridwa. Pa mwambowo panali Kadinala Karol Wojtyła, amene chaka chotsatira adakhala Papa. Barbara anali atamwalira kale mu 1950 ku Guatemala, kumene adatumikira zaka zambiri ali sisteri.

Mbiri ya mudziwu ikutifunsa ife alaliki funso limodzi. Ngati Amayi a Ambuye sadachite manyazi ndi chinenero chonyozeka cha ana a alimi, kodi ife tidzauza anthu athu za Mulungu m'chinenero chiti?