Njira za malamulo zotsata galimoto ikagwidwa ndi mchenga wa m'mitsinje

Ntchito zomangamanga zikamakula m'mizinda ya dziko lino, nawonso malole onyamula mchenga amachuluka m'mbali mwa mitsinje monga Lilongwe, Likangala ndi Lunyangwa. Kukumba mchenga mosasamala kumagumula magombe, kufooketsa milatho ndi kuononga madzi akumwa, n'chifukwa chake apolisi ndi makhonsolo amagwira galimoto zoganiziridwa kuti zanyamula mchenga popanda chilolezo.

Malamulo akuluakulu okhudza nkhaniyi ndi atatu: lamulo la migodi la 2023, lamulo losamalira chilengedwe la 2017 lomwe linakhazikitsa bungwe la MEPA, ndi lamulo la madzi la 2013. Pa malamulo a migodi, mchenga nawo ndi chuma cha m'nthaka chomwe munthu sakumba n'cholinga chogulitsa popanda chilolezo.

Komabe kugwira galimoto n'kosiyana ndi kuilanda. Galimoto imagwidwa pofuna kufufuza kapena kuti ikhale umboni pa mlandu, ndipo imakhalabe ya mwini wake kufikira bwalo la milandu litagamula. Gawo 28 la malamulo oyendetsera dziko lino a 1994 likuletsa kulanda munthu katundu mwachisawawa, pomwe gawo 43 likupatsa munthu ufulu wouzidwa zifukwa molemba pamene ofesi ya boma yachita chinthu chokhudza ufulu wake.

Choyamba, mwini galimoto alembere kalata ofesi yomwe yaigwira, kufunsa zifukwa ndi lamulo lomwe lagwiritsidwa ntchito, komanso kupempha kuti aibweze. Aphatikizepo bulubuku, chilolezo cha wokumba mchengayo, malisiti ndi kalata ya mgwirizano ngati galimotoyo inachita kubwerekedwa. Akalipira chindapusa chilichonse, alandire lisiti ya boma kapena ya khonsolo. Kupereka ndalama mwamseri ndi katangale, ndipo wopereka ndi wolandira onse amapalamula.

Ngati dalaivala wamangidwa, gawo 42 likuti akaonekere kubwalo pasanathe maola 48. Mlandu ukafika kwa majisitireti, mwini galimoto angathe kupempha bwalo kuti limubwezere galimotoyo mlandu uli mkati. Bwalo likavomera, limatha kuika mfundo zoti atsate, monga kusaigulitsa ndi kubwera nayo ikafunika. Apa m'pamene mwini yemwe sanadziwe zomwe dalaivala wake amachita ayenera kupereka umboni wake, chigamulo cholanda chisanaperekedwe. Wosakhutira ndi chigamulo cha majisitireti angathe kuchita apilo ku bwalo lalikulu.

Pamene galimoto ikungosungidwa popanda mlandu wotsegulidwa, mwini wake angathe kupempha bwalo lalikulu kuti liunike ganizo la ofesiyo. Malinga ndi ndondomeko ya bwaloli ya 2017, pempholi liyenera kuperekedwa msanga, pasanathe miyezi 3. Bwalo limaona ngati ofesiyo inali ndi mphamvu zogwira galimoto, ngati inatsata ndondomeko, ndiponso ngati mwini wake anapatsidwa mpata womveka mbali yake.

Galimoto ikaonongeka ili m'manja mwa boma, kapena ikapezeka kuti inagwidwa mosatsata malamulo, mwini wake angathe kusumira boma kuti limupatse chipukuta misozi. Mlandu wotere umadzera kwa mlangizi wamkulu wa boma pa malamulo, yemwe amayenera kulandira chidziwitso cholemba mlandu usanayambe.

Palinso maofesi ena othandiza. Bungwe la Independent Complaints Commission limamva madandaulo okhudza apolisi, ofesi ya Ombudsman imafufuza za kusowa chilungamo m'maofesi a boma pamene palibe njira yoyenera ya kukhoti, ndipo Legal Aid Bureau imaimira anthu osakwanitsa kulipira loya.

Ogwira ntchito m'boma akukumbutsidwa kuti pogwira galimoto alembe tsiku, malo, nambala ya galimoto, mmene ilili ndi katundu amene yanyamula, kenaka apereke kalata kwa dalaivala ndi kutengera nkhaniyo kubwalo mosachedwa. Lole yosiyidwa papolisi miyezi yambiri imachita dzimbiri, banja lodalira loleyo limasowa chakudya, ndipo boma likagonja pa mlandu, ndalama zolipira zimachokera ku misonkho ya anthu.