Mbiri ya Tsiku la 6 Julaye

Dziko la Malawi, limene limakumbukira ufulu wake pa 6 Julaye, linalowa m'manja mwa Angerezi m'chaka cha 1891. Amishoni ndiwo anatsogola. David Livingstone anafika kunyanja mu 1859, mishoni ya Livingstonia inayamba mu 1875, ya Blantyre mu 1876, ndipo pambuyo pawo panadza amalonda ndi azungu ofuna minda. Boma litabwera, Harry Johnston anakhazika likulu lake ku Zomba. Mu 1893 dzikoli linatchedwa British Central Africa, ndipo mu 1907 linasanduka Nyasaland. Anthu wamba sanalabadire kwenikweni za mayinawa. Chimene anachimva m'thupi chinali msonkho wa nyumba, komanso thangata, ntchito imene munthu ankagwira m'munda wa mzungu polipirira malo amene mwina makolo ake anakhalapo kuyambira kale.

Mmodzi mwa anthu ophunzira oyamba kukana poyera anali Mbusa John Chilembwe wa ku Mbombwe, m'boma la Chiradzulu. Usiku wa pa 23 Januwale 1915 anthu ake anaukira minda ya A. L. Bruce ku Magomero. Nkhondoyo sinathe milungu iwiri. Chilembwe anaphedwa pa 3 Febuluwale, tchalitchi chake n'kugwetsedwa. Otsatira anatenga njira ina, ya makalata ndi misonkhano. Aphunzitsi, akalaliki ndi abusa anapanga timabungwe m'maboma, kuyambira ndi ka ku Karonga mu 1912, ndipo mu 1944 timabungweti tinalumikizana kukhala Nyasaland African Congress, mtsogoleri wake woyamba ali Levi Mumba. Zopempha zawo zinali zofatsa: sukulu, malipiro abwino, mipando m'nyumba ya malamulo.

Chimene chinasintha kupempha kukhala kulimbana ndi Chitaganya. Mu 1953 boma la Britain linaphatikiza Nyasaland ndi maiko awiri a Rhodesia, ngakhale mafumu ndi anthu anakana. Ambiri anali atagwirapo ntchito ku Salisbury ndi ku Bulawayo, ndipo ankadziwa mmene munthu wakuda ankakhalira kumeneko. Inkosi Gomani ya ku Ntcheu inachotsedwa pampando chifukwa chouza anthu ake kuti asamvere malamulo a boma. Mu 1956 anyamata awiri, Henry Masauko Chipembere ndi Kanyama Chiume, analowa m'nyumba ya malamulo ku Zomba n'kuyamba kuwayankha atsamunda mosapsatira. Koma iwo eni anaona kuti akuluakulu a m'midzi sangatsate anyamata. Panafunika munthu wa imvi, wophunzira, amene azungu sangamuderere. Anamupeza ku Ghana: Dr Hastings Kamuzu Banda, dokotala wochokera ku Kasungu, amene anachoka kwawo ali mnyamata n'kukhala ku South Africa, America, Britain ndi Ghana zaka zoposa 40.

Apa ndi pamene tsikuli likulowa m'mbiri koyamba. Pa 6 Julaye 1958 ndege imene munali Dr Banda inatera pa Chileka, khamu la anthu likudikira. Iye ankalankhula Chingerezi, wina n'kumamasulira, ndipo chizolowezichi sanachisiye moyo wake wonse. Pa 1 Ogasiti, ku Nkhata Bay, anasankhidwa kukhala mtsogoleri wa Congress, kenako anazungulira dziko akufuula "Kwacha!" ndi kunyoza Chitaganya, chimene ankachitcha chopusa.

Sipanathe chaka. M'bandakucha wa pa 3 Malichi 1959 Bwanamkubwa Sir Robert Armitage analengeza lamulo la nthawi ya chipwirikiti, Congress inaletsedwa, atsogoleri ake n'kunjatidwa. Dr Banda anamutengera kundende ya Gwelo ku Southern Rhodesia, ena ambiri anatsekeredwa ku Kanjedza. Ku Nkhata Bay asilikali anawombera anthu amene anasonkhana padoko pofuna kuti abale awo atsitsidwe m'sitima ya Mpasa. M'dziko lonse anthu oposa 50 anafa m'masiku amenewo. Woweruza Patrick Devlin atafufuza, lipoti lake linadzudzula boma, ndipo ku London anayamba kuona kuti Nyasaland sangaigwire ndi mfuti.

Zotsatira zinabwera mondondozana. Orton Chirwa ndi anzake anayambitsa Malawi Congress Party mu Sepitembala 1959. Dr Banda anatulutsidwa pa 1 Epulo 1960. Pa chisankho cha mu Ogasiti 1961 chipani chatsopanochi, cha tambala wakuda, chinapeza mipando 22 mwa 28. Dunduzu Chisiza, mlembi wamkulu wa chipani, sanauone ufulu. Anafa pangozi ya galimoto ku Thondwe mu Sepitembala 1962. Pa 1 Febuluwale 1963 Dr Banda anakhala Nduna Yaikulu, ndipo Chitaganya chinatha pa 31 Disembala chaka chomwecho. Tsiku lolandira ufulu linaikidwa pa 6 Julaye 1964, ndendende zaka zisanu ndi chimodzi chiterere ndege ija pa Chileka. Motero chikondwerero cha fuko ndi chikumbutso cha kubwerera kwa munthu mmodzi zinamangidwa mtolo umodzi kuyambira pachiyambi.

Mwambo weniweni unachitika pakati pa usiku wa pa 5 kuchera pa 6 Julaye, m'bwalo la zamasewera la ku Chichiri mumzinda wa Blantyre. Prince Philip, Duke of Edinburgh, anaimirira Mfumukazi Elizabeth. Mbendera ya Angerezi inatsitsidwa, m'malo mwake munakwera ya mizere itatu, wakuda, wofiira ndi wobiriwira, pamwamba pali dzuwa lotuluka. Nyimbo ya fuko inali yopekedwa ndi Michael Sauka. Dzina la Nyasaland linathera pomwepo. Sir Glyn Jones, bwanamkubwa womaliza, anatsala kwa zaka ziwiri monga nthumwi ya Mfumukazi, ndipo pafupi ndi bwalolo panamangidwa chipilala cha ufulu chimene msewu waukulu umadutsa pansi pake.

Chimwemwecho chinangokhala miyezi iwiri. Mu Sepitembala 1964 nduna zinasemphana ndi Dr Banda pa nkhani ya ubale ndi Apwitikizi, ya tiki imene odwala ankalipira kuchipatala, ndi ya kalamuliridwe kake. Chiume, Orton Chirwa, Augustine Bwanausi ndi Rose Chibambo anachotsedwa. Yatuta Chisiza, Willie Chokani ndi Chipembere anatula pansi maudindo. Anthu amene anamuitana dokotala uja anathawa m'dziko, ndipo kwa zaka pafupifupi 30 mayina awo sankatchulidwa pa 6 Julaye kupatula powanyoza. Tsikulo linapitiriza kusenza zatsopano. Pa 6 Julaye 1966 Malawi anakhala lipabuliki ya chipani chimodzi, Dr Banda ali Pulezidenti. Pa 6 Julaye 1971 analumbira kukhala Pulezidenti wamuyaya.

M'zaka zimenezo ndi mmene miyambo ya tsikuli inakhwimira, ndipo amene anaiona saiiwala. Misewu ya m'mizinda inkakongoletsedwa ndi mbendera ndi magetsi amitundumitundu. Ana asukulu ankayeserera kwa milungu yambiri m'chisanu cha Juni, kuti akadzafola m'bwalo matupi awo alembe mawu ndi zithunzi. Amayi a mbumba ankabwera pa malole kuchokera m'maboma onse, atavala nsalu za nkhope ya Dr Banda, amene ankatchedwa Ngwazi, ambiri n'kumagona m'makalasi. Tsikulo likafika, asilikali, apolisi ndi apayoniya ankachita perete, kenako magule ankalowa limodzilimodzi: ingoma ya Angoni a ku Mzimba ndi Ntcheu, malipenga a m'mphepete mwa nyanja, beni, tchopa, chimtali, gule wamkulu. Ngwazi inkatsika pansanja, itavala suti ndi chipewa chakuda, litchowa lili m'manja, n'kukavina pakati pa amayiwo. Ikayamba kulankhula inkabwereza nkhani yonse kuyambira pa Chileka, kuphwanya Chitaganya, maloto atatu a ku Gwelo, mpaka ngodya zinayi za chipani. Kumudzi anthu ankamvera zonsezi pa wailesi ya MBC, poti kanema kunalibe m'dziko muno mpaka 1999. Madzulo kunkakhala mpira, nthawi zambiri timu ya dziko ikukumana ndi alendo. Kukongola kwake kunali koona, komanso n'zoona kuti si onse ankapita mwa kufuna kwawo. Kukana kukavina kapena kusowa khadi la chipani kunali kudziputira mavuto.

Riferendamu ya pa 14 Juni 1993 ndi chisankho cha pa 17 Meyi 1994, chimene chinaika Bakili Muluzi pampando, zinachotsa chikakamizocho, ndipo nacho chinachoka chimkokomo chambiri cha tsikuli. Msewu wa pansi pa chipilala chija, umene unkatchedwa Kamuzu, unapatsidwa dzina la Masauko Chipembere. Mu 2010 boma la Bingu wa Mutharika linasintha mbendera n'kuikapo dzuwa loyera lathunthu, ati poti dziko latukuka, koma mu 2012, pansi pa Joyce Banda, nyumba ya malamulo inabwezeretsa ya 1964. Perete, magule, mapemphero a zipembedzo zonse ndi mpira zinatsala, ndipo Pulezidenti amakhululukirabe akaidi ena polemekeza tsikuli.

Zaka zaposachedwa zakhala ndi misozi yake. Pa 6 Julaye 2017 anthu asanu ndi atatu, ambiri mwa iwo ana, anafa popondana pazipata za Bingu National Stadium ku Lilongwe, akulimbirana kulowa kukaonera mpira wa Nyasa Big Bullets ndi Silver Strikers. Mu 2020 mwambo wolandira Lazarus Chakwera pampando unakonzedwa kuti uchitikire limodzi ndi chikondwererochi m'bwalo lomwelo, koma mliri wa Covid-19 unausamutsira ku Kamuzu Barracks pamaso pa anthu ochepa. Mu 2024, pokwanitsa zaka 60, dziko linali lisanapukute misozi ya Wachiwiri kwa Pulezidenti Saulos Chilima ndi anzake asanu ndi atatu amene anafa pangozi ya ndege ku Chikangawa pa 10 Juni, ndipo boma linaimika zisangalalo n'kuchititsa mapemphero okha.