Kanema wa Nanook ndi Funso la Choonadi

M'chaka cha 1922, Robert Flaherty wa ku America adatulutsa kanema wotchedwa Nanook of the North, woonetsa moyo wa mtundu wa Inuit ku Inukjuak, kumpoto kwa Canada. Ambiri amamuyesa kholo la makanema oonetsa zenizeni. Komabe tiyenera kufunsa: kodi zenizenizo zidafika pati?

Mlenje wa m'kanemayo dzina lake silidali Nanook, koma Allakariallak. Iyeyu ankasaka ndi mfuti, koma pojambula adamgwiritsa mkondo wa makolo. Adamuonetsanso akuluma mbale ya galamafoni ngati munthu wosadziŵa kanthu. Mai amene akuoneka ngati mkazi wake sadali wake. Adamberekera Flaherty mwana wamwamuna, amene bamboyo sadamlere.

Sitikana kuti Flaherty adatisungira luso limene linkazilala, ndiponso kuti eni dziko adagwira naye ntchitoyo mwaufulu. Koma cholinga chabwino sichifafaniza lamulo lachisanu ndi chitatu. Munthu, pokhala chifaniziro cha Mulungu, ayenera kuonetsedwa monga aliri. Nafenso amene timalalika ndi kulemba za anthu athu tidziyese: kodi sitiwalanda mfuti nkuwapatsa mkondo kuti nkhani ikome?